Tsiku Limodzi pa Mtakataka, Mua ndi Golomoti

Ambiri a ife timadutsa pa msewu wa M5 tili m'minibasi, maso ali pa katundu wathu wa usipa kapena mpunga, ndipo Mtakataka, Mua ndi Golomoti timangowadziwa ngati malo otsikira ndi okwerera. Komatu kachigawo aka ka pakati pa mapiri a Dedza ndi nyanja kadasunga mbiri ya Achewa, Angoni, Ayao ndi Azungu a mishoni. Kagulu ka anthu khumi, makolo ndi ophunzira a ku madrasa, kakhoza kuyendera malo onsewa pa tsiku limodzi ngati kanyamuka itangotha swala ya Fajr ndipo kapeza munthu wodziwa mbiri woti akatsogolere. Ena amafunsa ngati n'koyenera kuti Msilamu akalowe pa bwalo la mishoni. Yankho langa ndi lakuti n'koyenera, chifukwa mbali ina ya mbiri yathu ikusungidwa kumeneko, ndipo amene akuisunga si ife.

Kuyenda pofuna kudziwa si kwachilendo m'Chisilamu. Mu 1331 Ibn Battuta wa ku Morocco adafika pa Kilwa, m'gombe la Tanzania, nalemba zimene adaona. Kilwa yemweyo ndiye adadzakhala kothera kwa njira za malonda zochokera ku nyanja yathu ino, ndiponso kumene ena mwa mashehe athu oyamba adakasula maphunziro awo.

Ulendo uyambire pa Mtakataka, likulu la Inkosi Kachindamoto. Angoni a Maseko adachokera kummwera kwa Africa, naoloka Zambezi, nafika mpaka ku Songea, kenaka nabwerera kudzakhazikika cha ku phiri la Domwe m'ma 1870. Atamwalira Chidyaonga, amene ankagwirizira ufumu, mwana wake Chifisi adalimbana ndi Chikusi. Nkhondoyo idapitirira pakati pa ana awo, Kachindamoto ndi Gomani, mpaka m'ma 1890 pamene anthu a Kachindamoto adatsika mapiri n'kudzamanga m'chigwa muno. Adapeza Achewa, eni nthaka, ndipo adayandikana ndi mafumu a Chiyao monga Pemba ndi Ndindi cha ku Salima, ndi Tambala ku mapiri a Dedza. N'chifukwa chake lero m'mudzi umodzi mumamveka ng'oma ya gule, belu la tchalitchi ndi adhana. Pa mpando womwewu mu 2003 padakhala mayi, Inkosi Theresa Kachindamoto, amene adatchuka pa dziko lonse pothetsa maukwati a ana ndi kuwabwezera ku sukulu. Mwambo wa kuno ngwakuti mlendo ayambe waonekera kwa eni mudzi, choncho mtsogoleri wa gulu atumize mawu tsikulo lisanafike.

Kuchoka apo, mtunda ngwaufupi kukafika pa mphambano ya ku Mua, pamene msewu umakwera pang'ono kulowera m'tsinde mwa mapiri, m'mbali mwa mtsinje wa Nadzipokwe. Mishoni ya Mua idatsegulidwa mu 1902 ndi ansembe a Katolika a chipani cha White Fathers. Chipanichi adachiyambitsa Charles Lavigerie mu 1868 ku Algiers, pakati pa Asilamu a ku Algeria, ndipo ansembe ake ankavala mkanjo woyera ndi kofia yofiira monga ankavalira anthu a kumeneko. Mukaona zithunzi zakale za Azungu a ndevu zazitali atavala ngati mashehe, musadabwe: dzina la chipanicho lidachokera pa mkanjowo.

Mua sadali malo awo oyamba m'dziko muno. Kumapeto kwa 1889 adafika kwa Mponda, pamene mtsinje wa Shire umatulukira m'nyanja. Adakhala kumeneko chaka ndi theka, koma ntchito yawo siidaphule kanthu, ndipo mu 1891 adachoka kupita kumpoto, ku dziko la Amambwe, komwe lero ndi Zambia. Olemba mbiri amanena kuti pofika chaka chimenecho m'mudzi mwa Mponda mudali madrasa 12, iliyonse ndi mwalimu wake. Ansembewo ankalemba tsiku ndi tsiku zimene ankaona, ndipo zolemba zawozo ndi umodzi mwa maumboni akale kwambiri a moyo wa m'mudzi wa Chisilamu m'dziko lino. Atabweranso patatha zaka 11, adasankha kumanga pakati pa Achewa ndi Angoni.

Pa Mua padamangidwa tchalitchi, sukulu ndi chipatala, ndipo m'ma 1920 padatsegulidwa malo osamalirako odwala khate. Agogo athu ambiri sadatumize ana awo ku sukulu za mishoni poopa kuti akabatizidwa, akasinthidwa dzina, ngakhalenso kudyetsedwa zoletsedwa. Mantha awo adali ndi maziko, pakuti sukulu ya nthawi imeneyo idali khomo lolowera m'tchalitchi. Adateteza chipembedzo, koma mtengo wake udali wowawa: kwa zaka zambiri ntchito za ukalaliki, uphunzitsi ndi unamwino zidawadutsa Asilamu. Achewa a nyau nawonso adalimbana ndi sukuluzo pa zifukwa zawo, makamaka m'ma 1920. Mwana wa lero wopita ku pulayimale m'mawa ndi ku madrasa masana ayenera kudziwa kuti mwayi umenewu sudabwere chikhalire.

Chimene chimakoka alendo ku Mua masiku ano ndi Kungoni, malo a chikhalidwe ndi luso amene adayambitsa Bambo Claude Boucher wa ku Canada mu 1976. Iyeyu adafika m'Malawi mu 1967, adaphunzira Chichewa ndi miyambo yake mozama mpaka Achewa adampatsa mfunda wa Chisale. Pamalopa pali nyumba yosungiramo zakale yotchedwa Chamare, dzina limene anthu a kuno ankamutchulira Champmartin, mmishonale wa ku France amene adagwira ntchito pa Mua. M'kati mwake muli gawo la mbiri ya mishoni, gawo la Achewa lokhala ndi zigoba za Gule Wamkulu zoposa 400, ndi gawo la Angoni ndi Ayao.

Apa mpamene adabu ya mlendo imayesedwa. Gule Wamkulu, amene bungwe la UNESCO lidamuika mu 2005 pa mndandanda wa chuma cha chikhalidwe cha anthu onse, kwa eni ake si sewero ayi. Ife tili ndi chikhulupiriro chathu chimene sitisinthanitsa ndi china chilichonse, ndipo kuyang'ana chinthu pofuna kuchidziwa si kuchipembedza. Koma kuseka, kuloza ndi chala monyodola kapena kujambula popanda chilolezo n'kunyoza anansi amene timagawana nawo chitsime ndi msika. Mmene timafunira kuti mlendo avule nsapato pa khomo la mzikiti, momwemonso ife tisunge malamulo a pa khomo la eni. Apa ndiye ubwino wa kagulu kochepa: aliyense amamva mawu a wofotokoza, mwana akafunsa amayankhidwa, ndipo mwalimu amakhala pafupi kuti aongole pofunika kuongola.

Gawo la Ayao ndilo lofunika kuimapo nthawi yaitali. Limafotokoza za jando ndi nsondo, za malonda a kutali, ndi za Chisilamu monga mbali ya moyo wa Ayao. Nkhani ya malondayo ili ndi mbali yowawa, ndipo tisaithawe. Jumbe wa ku Nkhotakota, amene adakhazikika kumeneko m'ma 1840, pamodzi ndi Makanjira ndi Mponda, ankatumiza minyanga ya njovu ndi anthu ku gombe la Kilwa ndi Zanzibar, n'kumalandira nsalu, mikanda, mfuti ndi wonga. Ambiri mwa ogwidwawo adali Achewa ndi Amang'anja a m'zigwa ngati chino. N'zoona kuti Angoni nawo ankagwira anthu pa nkhondo, n'zoonanso kuti Apwitikizi ndi Afalansa ankagula akapolo, koma tchimo la wina silitsuka la mnzake. Mwana akafunsa, auzidwe poyera kuti kugwira mfulu n'kumugulitsa ndi chinyengo ndi nkhanza zimene chipembedzo chake chimaletsa.

Komabe mbiri siithera pamenepo. Boma la Britain, motsogozedwa ndi Harry Johnston, lidagonjetsa mafumu a malondawo pakati pa 1891 ndi 1895. Chikadakhala kuti Chisilamu chidatsamira pa mfuti ndi zombo za akapolo, chikadafera pomwepo. M'malo mwake chidafalikira koposa m'zaka zotsatirazo, ndipo amene adachifalitsa ndi aphunzitsi oyenda pansi. Shehe Abdallah bin Haji Mkwanda adakaphunzira ku Kilwa, nabwerera ku nyanja mu 1884, naphunzitsa mpaka imfa yake mu 1930. Wophunzira wake, Shehe Thabit bin Muhammad Ngaunje, adapitiriza ntchitoyo mpaka 1959. Ophunzira awo adamwazikana m'midzi ya m'mbali mwa nyanja atanyamula Qur'an, ubao wolembapo ndi inki, n'kumamanga mizikiti ya udzu. Swala imene timaswali m'nyumba mwathu lero idatifika kudzera m'manja mwa anthu amenewa.

Nthawi ya Dhuhr ikakwana, gulu litsikire ku msewu waukulu kukaswali ndi kudya kamba amene lanyamula. Masana ulendo uthere pa Golomoti. Apa pamakumana njira zitatu: M5, msewu wokhotakhota wa Khwekhwerere wotsika kuchokera ku mapiri, ndi msewu wopita ku Monkey Bay ndi Mangochi, dziko la Mponda. Njanji yodutsa m'chigwachi idafika ku Salima mu 1935. Woima pamenepa amaona yekha mmene malowa adakhalira: kumtunda kumene kudachokera Angoni, kummawa kumene kudachokera amalonda ndi mashehe, ndi chigwa cha pakati chimene chidalandira onsewo. Kuseri kwa mapiriwo kuli Chongoni, kumene kuli malo 127 a zojambula za pa miyala zimene UNESCO idazivomereza mu 2006, koma umenewo ndi ulendo wa tsiku lina.

Pobwerera, funso limodzi liyenera kutsala m'mitima. Ansembe adalemba za Mponda tsiku ndi tsiku, ndipo zolembazo zilipo. Bambo Boucher adatha zaka zambiri akusonkhanitsa za Achewa, Angoni ndi Ayao, ndipo zaikidwa poti aliyense aone. Nanga za mashehe athu zili kuti? Ndani akudziwa amene adamanga mzikiti woyamba m'mudzi mwanu, chaka chake, ndi shehe amene adamuphunzitsa? Makitabu olembedwa pa manja, ndi makalata a Chiswahili ndi Chiyao a m'zilembo za Chiarabu, akudyedwa ndi chiswe m'masutikesi. Manda a aphunzitsi akumera tchire, ndipo akuluakulu okumbukira mayina awo akutha mmodzimmodzi.

Ntchitoyi siifuna ndalama zambiri. Madrasa iliyonse ikhoza kugula kope limodzi, n'kutuma ophunzira awiri kwa agogo a m'mudzi kukalemba mndandanda wa maimamu ndi aphunzitsi kuyambira woyamba mpaka wa lero. Foni imene ili m'thumba ikhoza kujambula mawu a agogowo ndi masamba a kitabu chakale chisanafumbwe. Komiti ya mzikiti ikhoza kusunga zonsezi m'kabati youma. Mawu a akulu amakoma akagonera, koma amagonera pokhapokha pali amene wawasunga. Allah awachitire chifundo aphunzitsi athu amene adatsogola, ndipo atipatse ife mphamvu zolemba mayina awo adzukulu athu asanatifunse.