Kubwezeretsa mafilimu akale monga adatulukira poyamba

Kubwezeretsa filimu ndi ntchito yochotsa zonse zimene zidasinthidwa m'filimu yakale kuti ionekenso monga idaonetsedwera tsiku loyamba. Nthawi zina ntchitoyi amaigwira anthu wamba okonda filimuyo, popanda malipiro, pamene eni ake sakufuna kutulutsanso yoyambirira.

Nkhani yosintha filimu si yachilendo m'dziko muno. M'nyumba zoonetsera kanema pa misika ngati wa Lizulu, m'boma la Ntcheu, anthu amakonda mafilimu akunja amene adaikidwa mawu a Chichewa, womasulira akuthiramo nthabwala zake. Komabe filimu yeniyeni imakhalapobe kwa woifuna. Vuto limabuka mwini filimu akaisintha yekha n'kubisa yoyambayo.

Chitsanzo chodziwika ndi Star Wars, imene idatuluka ku America pa 25 Meyi 1977. Mu 1997, mwini wake George Lucas adaitulutsanso ataonjezera zithunzi zapakompyuta. Adasinthanso gawo limene Han Solo amaombera Greedo, kuti Greedo ndiye ayambe kuombera. Yoyambirira idatuluka pa DVD mu 2006, koma zithunzi zake zinali zosaoneka bwino chifukwa zidatengedwa pa LaserDisc ya 1993.

Petr Harmáček wa ku Czech Republic, amene panthawiyo adali mphunzitsi wa Chingerezi, adasonkhanitsa zidutswa za Blu-ray, DVD ndi makope ena akale, n'kuzilumikiza pakompyuta chithunzi ndi chithunzi. Ntchito yake, yotchedwa Despecialized Edition, idayamba kufalikira pa intaneti mu 2011. Gulu lina, Team Negative One, lidatsata njira yosiyana. Lidapeza makope a 35mm amene ankaonetsedwa m'nyumba za kanema, n'kuwajambulanso ndi makina, kenako kuchotsa fumbi ndi mikwingwirima. Zotsatira zake ndi 4K77, ya mu 2018.

Malamulo sali kumbali ya okonzawa. Umwini wa Star Wars uli m'manja mwa Disney, imene idagula Lucasfilm mu 2012, ndiye chifukwa chake iwo sagulitsa zimene akonza. M'Malawi, lamulo la 2016 loteteza ntchito za aluso limaletsanso kufalitsa filimu popanda chilolezo cha mwini wake.

Okonzawo amati filimu ndi mbiri ya nthawi yake, ndipo yoyambirira ikasowa, luso la amene adaipanga limafufutika. Mu Juni 2025, bungwe la British Film Institute lidaonetsa poyera kope lenileni la 1977 mumzinda wa London.