Mfuti ndi Umbava wa Ng'ombe ku Karamoja

Kumpoto chakum'mawa kwa dziko la Uganda kuli dera louma lotchedwa Karamoja. Eni dera limeneli, Akarimojong, amadalira ng'ombe pa moyo wawo wonse. Mkaka ndiwo chakudya chawo, ndipo mnyamata wopanda ng'ombe zolowolera sangapeze banja. Kuyambira kalekale anthuwa ankalandana ziweto ndi anansi awo, monga Apokot ndi Aturkana. Koma pa nthawiyo zida zawo zidali makamaka mikondo, ndipo akuluakulu ndiwo ankaloleza kapena kuletsa ulendo wokalanda ziweto.

Zinthu zidasintha m'chaka cha 1979. Boma la Idi Amin litagwa, asilikali adathawa mumsasa wawo wa ku Moroto, ndipo Akarimojong a mbumba ya Matheniko adalowamo n'kutenga mfuti zambirimbiri. Mnyamata wonyamula mfuti sadaonenso chifukwa chomvera mkulu wonyamula ndodo. Makola ambiri adatsala pululu, ndipo chilala chitagwa m'chaka cha 1980, njala idapha anthu ochuluka, makamaka ana.

Tsokali lidafalikira m'madera oyandikana nawo. Kuyambira cha m'ma 1986, achifwamba adasesa ng'ombe za ku Teso, ku Lango ndi ku Acholi. Alimi a ku Teso, amene adatchuka ndi ulimi wa thonje wa makasu okokedwa ndi ng'ombe, adabwerera ku khasu la m'manja. Minda idachepa, makolo adasowa chogulitsa kuti alipirire ana sukulu, ndipo mkwiyo wa anthu udathandiza kubutsa nkhondo youkira boma ku Teso m'chaka cha 1987. Pang'ono ndi pang'ono umbavawu udasanduka malonda, pakuti ng'ombe zobedwa zidayamba kugulitsidwa kwa ochita malonda a nyama.

M'chaka cha 2001 boma la Yoweri Museveni lidapempha anthu kuti apereke mfuti mwakufuna kwawo. Amene adamvera adasanduka nyama yosavuta kwa anzawo amene adabisa zawo. Choncho m'chaka cha 2006 asilikali adayamba kuzinga midzi ndi kulanda zida mokakamiza, ngakhale kuti anthu osalakwa adazunzika nawo. Bata lidabwera kwa zaka zingapo, koma umbavawu udabukanso cha m'ma 2019.

Mbiri ya Karamoja ikuphunzitsa kuti kulanda mfuti kokha sikukwanira. Mwini ng'ombe amapereka chida chake mosaopa pokhapokha atatsimikiza kuti boma lidzalondera khola lake usiku.