Machona a ku Gatooma ndi Kamera ya Mdzukulu

Bungwe la Central African Film Unit, lomwe lidakhazikitsidwa mu 1948, lidajambula akanema ambiri oonetsa anthu akuda a ku Southern Rhodesia, Northern Rhodesia ndi Nyasaland. Cholinga chidali kulangiza za ulimi, ukhondo, kusunga ndalama ndi kumvera boma. Munthu wakuda adali chitsanzo chabe, uyu wanzeru, uyo wopusa. Kufikira pamene bungweli lidatha mu 1963, kufunsa munthu kwawo ndi amene adawasiya sikudali ntchito yake.

Komatu a ku Nyasaland adali ochuluka ku Gatooma ndi Hartley, matauni amene mu 1982 adasanduka Kadoma ndi Chegutu. Ena adafika wapansi kudzera ku Tete, ena pa malole a Ulere. Adakumba golide ku Cam and Motor ndi ku Dalny, adatola thonje m'mafamu, ndipo ambiri adachona. Charles van Onselen adalongosola moyo wa m'makomboni a migodi m'buku lake Chibaro la 1976, koma nkhani yake imathera mu 1933, ndipo gwero lake lalikulu ndi zolemba za azungu.

Kuipa kwa kusowa mbiri yolembedwa kudaonekera mu 2001, pamene lamulo la unzika lidasintha. Ana obadwira ku Zimbabwe adafunika kukana unzika wa dziko la makolo awo, dziko limene ambiri sadapondeko, ndipo olephera adasala ndi ziphaso zowatchula alendo. Malamulo aakulu a dziko a 2013 adawabwezera unzikawo, komabe papepala pamafunika umboni.

Apa mpamene kanema wamfupi wa pabanja amaposera mabuku. Mdzukulu akakhazika agogo ake pakhonde nkuyatsa foni, amatola zimene kalaliki wa mgodi sadalembe: mfunda, dzina la nyakwawa, mtsinje umene adaoloka, ndi Chichewa chosakanikirana ndi Chishona ndi Chilapalapa, chimene pachokha ndi mbiri ya ulendowo. Ntchitoyi ili ndi minga yake. Mkulu wolowa gule sangaulule za kudambwe pamaso pa kamera, ndipo funso la mkazi amene adasiyidwa ku Dedza kapena ku Ntcheu lingaziziritse nyumba yonse. Wojambula wanzeru sazimitsa foni msanga, pakuti kukhala chete kwa agogowo nakonso ndi umboni.

Amene adafika ali anyamata m'zaka za chitaganya, pakati pa 1953 ndi 1963, lero adapyola zaka 75.