Kampani Ikagwa ndi Nkhongole: Banki ndi Anchito, Ayamba Kulipidwa Ndani?

Pamene kampani yalephela kulipila nkhongole zake, eni ake kapena Khoti Lalikulu angalamule kuti itsekedwe. Pamasankhidwa munthu, wochedwa liquidator, amene amasonkhanitsa katundu yense, kumugulitsa, ndi kugawa ndalamazo kwa amene kampani ili nawo nkhongole. Kuno ku Zambia nchitoyi imayendetsedwa ndi lamulo la Corporate Insolvency Act la 2017. Ambili a ife timaganiza kuti anchito ndiwo ayenela kuyamba kulandila, popeza ndiwo anakhetsa thukuta. Lamulo limavomeleza zimenezi, koma pang'ono cabe.

Cinthu coyamba cimene liquidator amafufuza ndi cikole. Banki ikamabweleketsa ndalama imafuna cogwila, ndipo cogwilaco cili mitundu iwili. Cina ndi katundu wochulidwa ndi dzina, monga malo, nyumba kapena makina aakulu, amene kampani singagulitse popanda cilolezo ca banki. Cina ndi cikole coyandama, cimene cimaphimba katundu wolowa ndi kutuluka tsiku ndi tsiku: zogulitsa za m'sitolo, zopangila zinthu, ndi zina zotelo. Zikole za makampani zimalembetsedwa ku PACRA, ndipo cikole cosalembetsedwa pa nthawi yake cingataye mphamvu.

Tiyelekeze kampani yogaya cimanga imene inakongola K5 miliyoni, cikole cake ndi nyumba ya cigayo. Nyumbayo ikagulitsidwa K4 miliyoni, ndalamazo, kucotsapo zolipila pogulitsa, zimapita ku banki. Anchito salawako ngakhale ngwee imodzi, olo kuti agwila m'nyumbayo zaka makumi awili. Koma matumba a cimanga ndi a unga amene anali pansi pa cikole coyandama ali ndi mzela wina. Poyamba pamacotsedwa zolipilila nchito yotseka kampani, kuphatikizapo malipilo a liquidator mwini. Kenaka pamabwela anchito, ndiponso misonkho ya boma. Banki imatenga zotsala. Conco anchito a kampani imene cuma cake conse cili m'nyumba zogwilidwa kale ali pa ngozi kwambili kuposa anzawo a kampani yodzala ndi katundu wogulitsa.

Ngakhale pamenepo, si ndalama zonse za wanchito zimene zimaikidwa patsogolo. Zotetezedwa ndi malipilo a miyezi yothela kampani isanatsekedwe, ndalama za masiku a chuti osatengedwa, gawo la ndalama zosiyila nchito, ndi cipukuta misozi ca ovulala pa nchito. Pangano la ILO la nambala 173 la 1992, limene Zambia inavomeleza, limafuna kuti malipilo otetezedwa asacepele miyezi itatu. Zopitilila malile zimagwela m'gulu la nkhongole zopanda cikole, pamodzi ndi za ogulitsa mafuta ndi eni malole. Gulu limeneli limagawana zotsala molingana ndi kukula kwa nkhongole ya aliyense, ndipo nthawi zambili m'poto mumakhala mutatsala makoko okha. Apa ndi pamene timaona kuti lamulo limapweteka wanchito woleza mtima. Uja amene anapilila caka cathunthu osalipidwa, pokhulupilila abwana kuti zinthu zidzakhala bwino, amapeza kuti miyezi yambili ya kupilila kwake ili kumbuyo kwa mzela.

Mabanki nawo ali ndi mfundo yawo. Ndalama zimene amabweleketsa ndi za anthu osunga, ena a iwo ndi ife tomwe, ndipo cikole cikakhala cosadalilika angakweze ciwongoladzanja kapena kuleka kubweleketsa. Sitikukana. Koma banki imasankha wom'kongoza, imayesa katundu wake, ndipo ili ndi makasitomala ambili. Wanchito ali ndi bwana mmodzi.

Zimenezi tinaziona m'dziko lathu. Zambia Airways inatsekedwa mu 1994, nyuzipepala ya The Post mu 2016. Ku Luanshya, mgodi umene unagulitsidwa mu 1997 ndi kukhala RAMCOZ unaikidwa m'manja mwa receiver mu 2000, ndipo mabanja a anchito a m'mgodi anavutika koopsa podikila ndalama zawo. Receiver amasiyana ndi liquidator: iye kawilikawili amaikidwa ndi wobweleketsa kuti abweze nkhongole ya wobweleketsayo, pamene liquidator amaimila onse amene ali ndi nkhongole. Lamulo la 2017 linabweletsanso njila yoyesa kupulumutsa kampani isanatsekedwe, yochedwa business rescue.

Abale ndi alongo amene kampani yanu ikugwedezeka, dziwani kuti liquidator salipila munthu cifukwa comudziwa nkhope. Wanchito amapeleka umboni wolembedwa wa ndalama zimene akufuna, mkati mwa masiku amene alengezedwa, ndipo zilengezozi zimatuluka m'manyuzipepala ndi mu Gazette ya boma. Kalata yolembedwela nchito, mapepala a malipilo ndi kaundula wa chuti zisungidwe kunyumba, osati mu diloo ya ku ofesi imene mawa ingapezeke yokhomedwa. Ndi bwinonso kupita ku NAPSA kukaona ngati ndalama zimene ankakudulani mwezi ndi mwezi zinkafikadi. Amene ali mu yunyoni apeleke madandaulo awo pamodzi, ndipo amene alibe afunse ku ofesi ya Labour ya m'boma lawo kapena ku Legal Aid Board.