Kugontha kwa agalu okusa ng'ombe a ku Australia: mbiri ya chilema chomwe chinabisala mu ubweya woyera

Kuno kwa Njewa, ku Mpingu ndi ku Nsaru galu amalondera pakhomo, nthawi zina amatsatira anyamata opita ndi ng'ombe kudambo, koma sitinakhalepo ndi mtundu wa galu woswetsedwa mwadala kuti azikusa ziweto. Ku Australia ulipo, dzina lake Australian Cattle Dog, ndipo mbiri yake ikukhudza aliyense amene amasankha tonde kapena nkhunzi yoti ibereketse m'khola.

Mtunduwu unayambira pa famu ya Dartbrook, m'chigwa cha Hunter ku New South Wales. Banja la a Hall linali ndi ng'ombe zambiri zolusa, zodya m'tchire lopanda mpanda, ndipo agalu ochokera ku Britain ankalephera kupirira kutentha ndi maulendo ataliatali opita kumsika. Thomas Hall anakweretsa agalu okusa ng'ombe ndi galu wam'tchire wa kumeneko wotchedwa dingo. Pofika cha m'ma 1840 anali ndi agalu osauwauwa, oluma ng'ombe kumunsi kwa mwendo wakumbuyo n'kugwada msanga kuti chiboda chiwaphonye. Hall atamwalira mu 1870 agaluwa anafalikira, ndipo mu 1903 malamulo a maonekedwe a mtunduwu, omwe analemba Robert Kaleski, anavomerezedwa. Kuyambira pamenepo galu ankayesedwa ndi maso: msinkhu, makutu oimirira, ndi ubweya wa timadontho tobiriwira kapena tofiira.

Gwero la vuto lili pa ubweyawo. Ana a agaluwa amabadwa oyera, kupatula zigamba zingapo, ndipo timadontho timatulukira akamakula. Ndiye kuti pansi pa mtundu wokongolawo pali chibadwa cha ubweya woyera. Maselo opanga utoto wa ubweya ndi khungu alinso ndi ntchito mkati mwa khutu, m'kachiwalo kopindika ngati chigoba cha nkhono. Akasowa m'menemo, kachigawo kamene kamasunga madzi a m'khutu ali bwino kamafota mwana wagalu ali ndi milungu itatu kapena inayi, kenako maselo olandira mawu amafa. Sameranso, ndipo mankhwala ake palibe. Kugwirizana kwa ubweya woyera ndi kugontha kunadziwika kalekale: Charles Darwin, m'buku lake la mu 1859, anatchula kuti amphaka oyera a maso a buluu kawirikawiri samva. Koma kudziwa zimenezo sikunathandize oweta agalu kwa zaka zoposa 100.

Chifukwa chake n'chakuti agalu ambiri ogontha ndi ogontha khutu limodzi. Galu wosamva makutu onse amadziwika msanga: sadzuka anzake akadzuka, sabwera akaimbidwa mluzu, ndipo mweti ankangomuchotsa. Wa khutu limodzi amabwera akaitanidwa, amakusa ng'ombe, amapambana ngakhale pa chionetsero. Chokhacho chimene chimamuvuta ndi kudziwa kumene mawu akuchokera. Agalu otere ndi amene ankaswana, chilema n'kumayenda nawo. Mweti wochotsa ana osamva okha ankangosadza nthambi, muzu uli chikhalire.

Zinthu zinasintha cha m'ma 1980 madokotala a ziweto atayamba kugwiritsa ntchito muyeso wotchedwa BAER. Amalowetsa kaphokoso m'khutu limodzi, n'kuona pa makina ngati ubongo walandira, kenako khutu linalo. George Strain wa ku Louisiana State University ku America anatulutsa zotsatira zake mu 2004: agalu a mtundu wa Dalmatian pafupifupi 30 pa 100 alionse anali ogontha, ndipo mwa agalu okusa ng'ombe a ku Australia anali 14.5. Mu 2012 gulu la Susan Sommerlad ku University of Queensland linayeza agalu 899 a mtunduwu. Ogontha anali 10.8 pa 100 alionse, 7.5 khutu limodzi ndi 3.3 makutu onse. Tinene kuti pa agalu ogontha atatu, awiri sakanadziwika popanda makina. Kafukufuku yemweyo anapeza kuti agalu a zigamba zakuda kapena zofiira mbali zonse za nkhope sagonthagontha, ndipo aakazi amagwidwa kwambiri kuposa aamuna.

Chilemachi sichitsata masamu osavuta. Makolo awiri akumva bwino akhoza kubereka mwana wogontha, ngakhale mwayi woipawo umakula kwambiri kholo limodzi likakhala logontha. N'chifukwa chake oweta odalirika amayeza ana onse a mimba imodzi ali ndi milungu isanu ndi umodzi kapena kupitirirapo pang'ono, n'kulemba zotsatira pambali pa dzina la bambo ndi la mayi. Mwa agalu ena okusa nkhosa, monga Border Collie ndi Australian Shepherd, muli njira ina ya kugontha yomwe masamu ake ndi achindunji: awiri a mawanga otchedwa merle akakwerana, mwana mmodzi mwa anayi amalandira chibadwacho kuwiri, amatuluka woyera kwambiri, ndipo kawirikawiri samva kapena saona bwino.

Makina a BAER mlangizi sayenda nawo m'mudzi. Chomwe angachite ndi kuomba m'manja kumbuyo kwa mwana wagalu ali yekha, osamuonetsa manja kapena kugwedeza pansi, makutu atatseguka kale pakatha milungu iwiri. Njira imeneyi imangogwira osamva makutu onse.

Chofanana ndi nkhaniyi m'makola athu chili pa mbuzi zamkaka za mtundu wa Saanen, zomwe zinalowa kale m'Malawi. Mbuzi yobadwa yopanda nyanga imakondedwa chifukwa sipweteka zinzake, koma chibadwa chochotsa nyangacho chinamangana ndi vuto la ziwalo zoberekera, ndipo akatswiri a ku France anapeza malo ake enieni mu 2001. Tonde ndi msoti onse akakhala obadwa opanda nyanga, mwana mmodzi mwa anayi amalandira chibadwacho kuwiri. Akakhala wamkazi amabadwa ndi ziwalo zosadziwika bwino ngati ndi zachimuna kapena zachikazi, ndipo sabereka. Kholo limodzi likakhala la nyanga vutoli silituluka. Choncho m'magulu opatsirana mbuzi, kaundula wa tonde azisonyeza ngati anabadwa wopanda nyanga kapena anachita kuwotchedwa nyanga ali wamng'ono, pakuti akakula awiriwa amaoneka pafupifupi chimodzimodzi.