Mbiri ya Liu Lakuti "Post"

Inu akumva, mwana wa sukulu akapeza liu lakuti "post" m'buku lace la Cingerezi, asafulumire kunena kuti ndi positi ya makalata. Mngerezi amati mzati ndi "post", poima mlonda ndi "post", nchito ya kalaliki nayonso ndi "post". Kodi zimenezi zinakomana bwanji?

Tiyambe ndi akavalo. Kale ku England kunalibe njanji, ndipo kalata ya mfumu inkayenda ndi munthu wokwera pa kavalo. Popeza kavalo amatopa, anaika anthu ndi akavalo ena m'malo osankhika m'mbali mwa mseu, kuti wofikayo apatsire mnzace thumba. Malo amenewa ndiwo anayamba kuchedwa "post", kucokera ku liu la Cilatini lonena cinthu coikidwa. Ca m'ma 1516 Mfumu Henry VIII anaika Brian Tuke akhale woyang'anira malowo. Pang'ono ndi pang'ono dzina linasamuka pa malo nkugwera wokwerayo, kenaka makalata omwe. Anthu wamba analoledwa kutumiza makalata ao m'njira imeneyi mu 1635, masiku a Charles I, ndipo sitampa ya kobiri limodzi inadza mu 1840.

Mlonda naye amaikidwa pamalo pace, kalaliki pa mpando wace. Onsewa fuko lao ndi limodzi.

Koma mzati uja ndi mlendo pamudzi, ngakhale dzina lifanana. Unacokera ku liu lina, "postis", ndilo mphuthu ya citseko. Pa mizati ndi pamene ankakhoma zidziwitso, ndipo kukhomako sikunathe: wolemba mau ace pa intaneti lero amati wacita "post", cikhalireco sanagwire nyundo kapena msomali.