Mira: dzina limodzi, mizu yambiri

Mira ndi dzina la mtsikana limene mitundu ingapo imati ndi lawo, ndipo palibe amene akunama. Ku Serbia, Croatia ndi Slovenia limachokera ku mawu akuti mir, kutanthauza mtendere, ndipo kawirikawiri limakhala chidule cha Miroslava. Ku Albania, mirë ndi chinthu chabwino. Ku India limakumbutsa Mirabai, mlakatuli wa ku Rajasthan wa m'zaka za m'ma 1500, amene nyimbo zake zotamanda Krishna, mulungu wa Chihindu, zikuimbidwabe. Ku India komweko ndiko kunabadwiranso Mira Nair, amene anatsogolera kanema wa Queen of Katwe wojambulidwa ku Uganda, wotuluka mu 2016.

Koma muzu wokoma kuposa yonse ndi wa Chilatini, mmene mira ndi "chodabwitsa". Mu 1596 katswiri wa zakuthambo David Fabricius anaona nyenyezi ina ikuwala, kenako n'kuzimirira. Inali isanafe: imawala ndi kuthima mobwerezabwereza pa miyezi pafupifupi 11 iliyonse. Katswiri wina wa zakuthambo, Johannes Hevelius, anaitcha Mira mu 1662. Mwana kutengera dzina ku nyenyezi yotere si chinthu chaching'ono.

Makolo okwatirana a mitundu yosiyana amalikonda chifukwa ndi lalifupi, ndipo agogo a mbali zonse amalitchula osapunthwa lilime. Vuto lili kwathu kuno: m'Chichewa "mira" ndi lamulo loti munthu alowe pansi pa madzi. Bambo wa ku Mangochi, amene amalowa m'bwato tsiku ndi tsiku, angayambe waganiza kawiri asanapatse mwana wake dzinali.